Asanajambule mwana wogona pamsika, wavomereza ndani?

Nkhani ya ku Njewa ena mwa inu munaimva, poti kuno kumalire wailesi za ku Malawi zimamveka bwino. Njewa ndi dera la kufupi ndi mzinda wa Lilongwe. Ana a kumeneko amalankhula monga amalankhulira ana athu a ku Tsangano ndi ku Macanga.

Mu Juni 2022 a BBC anatulutsa filimu yotchedwa Racism for Sale, kutanthauza kuti kunyoza mtundu wa anthu kwasanduka malonda. Atolankhani awiri, Runako Celina ndi Henry Mhango, anafufuza za mwamuna wina wa ku China dzina lake Lu Ke. Ana ankamutcha Susu. Iye ankasonkhanitsa ana, n'kuwaimika pafupi ndi bolodi lolembedwa m'Chitchaina. Kenako ankawauza mawu oti abwereze mokuwa, uku akuvina. Makanema otere ankagulidwa pa intaneti ku China ngati mafuno abwino a tsiku lobadwa kapena a ukwati. Kanema mmodzi ankatha kufika madola 70. Mwana ankalandira ngati theka la dola pa tsiku.

Mu kanema wina amene anafala mu 2020, ana akukuwa mosangalala mawu otanthauza kuti iwo ndi zilombo zakuda zopanda nzeru. Sankadziwa chimene ankanena. Lu Ke anakana kuti si iye anajambula ameneyo. Koma nkhani itaphulika anathawira ku Zambia. Anamugwira ku Chipata n'kumubweza ku Malawi. Mu Julaye 2023 khoti linamugamula kukhala m'ndende miyezi 12, imene anali atakhalamo kale podikira mlandu, ndipo linamulamula kuchoka m'dzikomo. Ofesi ya kazembe wa China ku Malawi nayo inadzudzula mchitidwewo. Choncho musaitenge ngati nkhani ya mtundu wonse wa anthu.

Tsono taonani. Ana a ku Njewa anajambulidwa kawiri. Kamera yoyamba inawagulitsa. Kamera yachiwiri inapita kwa makolo, n'kuwaonetsa kanema uja ndi kuwamasulira mawuwo. Chida n'chimodzimodzi. Chinasiyana ndi ichi: kodi wojambulidwa akudziwa chimene chikuchitika, ndipo phindu likupita kwa yani?

Amene alibe womulankhulira

Ana a ku Njewa anali ndi makolo, agogo ndi mfumu. Komabe anapusitsidwa. Nanga mwana amene amagona pakhonde la sitolo, womuimira ndani?

Musaganize kuti ana oterewa ndi a ku Maputo kokha, kumene amawatcha molwenes, kapena a ku Blantyre, kumene amati ana masikini. Ena ndi athu. Mnyamata amayamba ndi ganyu yokweza matumba a mbatatesi ku Biri-Biri. Wina amagwira ntchito m'munda wa fodya ku Macanga chaka chonse, pomaliza n'kuuzidwa kuti fodya sanagulidwe bwino, malipiro palibe. Kubwerera kumudzi chimanjamanja amachita manyazi. Amakwera galimoto yopita ku Zóbuè, ku Moatize kapena ku Tete. Kumeneko amanyamula katundu pamsika wa Kwachena, amatsuka magalimoto, amagulitsa madzi ozizira. Usiku amayala katoni. Wina anachoka pakhomo chifukwa mayi atamwalira achibale analanda munda. Wina anathawa ndodo ya bambo omupeza. Mtsikana wina anathawa ukwati womukakamiza.

Anthu ojambula amawakonda ana amenewa. Ndinene mosabisa: amawakonda chifukwa ndi osavuta kuwajambula. Alibe chitseko choti atseke. Alibe mkulu woti afunse mafunso. Bwana wa muofesi mumalemba kalata, n'kudikira sabata zingapo kuti akulandireni. Mwana wa pamsika mumangomulozetsa kamera.

Si kuti asajambulidwe

Pali mtundu wa filimu umene m'Chipwitikizi amati documentário. Muli anthu enieni ndi zochitika zenizeni, osati sewero. Filimu yotere ikapangidwa bwino imatsegula maso a anthu amene amadutsa mwana wogona panja tsiku ndi tsiku osamuona. Kubisa ana amenewa si kuwathandiza. Amene amafuna kuti asaoneke nthawi zambiri ndi omwe ali ndi mlandu woyankha.

Dziko lathu la Moçambique lili ndi mbiri yake pa zimenezi. Titangolandira ufulu mu 1975, boma linakhazikitsa Instituto Nacional de Cinema. Kumeneko ankapanga Kuxa Kanema, timafilimu tifupitifupi ta nkhani za m'dziko. Magalimoto ankazungulira nato m'midzi, n'kupachika chinsalu usiku. Akuluakulu ena akukumbukira. N'zoona kuti mawu ambiri anali a boma. Koma mfundo imodzi inali yabwino: chithunzi cha anthu chizibwerera kwa eni ake, adzione okha. Mfalansa wina, Jean Rouch, amene anadzaphunzitsa kujambula ku Maputo mu 1978, anali ndi chizolowezi chomwecho. Ankabwerera kwa anthu amene anawajambula, kuwaonetsa filimu, n'kumva zimene akunena.

Chitsanzo chapafupi ndi filimu ya Licínio Azevedo ya mu 1994, A Árvore dos Antepassados, ndiye kuti mtengo wa makolo. Ikutsatira banja la kuno ku Tete limene linathawira ku Malawi nthawi ya nkhondo. Mtendere wa 1992 utabwera, banjalo likuyenda ulendo wobwerera kwawo kuti likapepese mizimu, poti pothawa panalibe nthawi yotsanzika. Anthuwo analibe nyumba. Anali atanyamula chuma chawo chonse pamutu. Koma filimuyi sikuwaonetsa ngati opemphetsa. Ali ndi nkhani yawo, mwambo wawo, mikangano yawo ndi nthabwala zawo. Ambiri mwa inu munayenda ulendo wofanana ndi umenewo kuchokera ku Ntcheu kapena ku Dedza. Mukudziwa kusiyana kwa munthu amene amakufunsani dzina ndi amene amangojambula mapazi anu ong'aluka.

Mu 2007 Azevedo yemweyo anapanga Hóspedes da Noite, alendo a usiku. Ndi ya anthu zikwi okhala m'bwinja la Grande Hotel ku Beira, hotela imene inatsegulidwa mu 1955 n'kutsekedwa mu 1963. Munthu ukaiona umadzifunsa kuti zinatheka bwanji kuti nyumba yomangira olemera ochepa isanduke pothawira pa mabanja osowa pokhala. Funso limenelo ndi limene filimu yabwino imasiya m'mutu.

"Inde" wa munthu wanjala

Ojambula ambiri adzakuuzani kuti, "Tinamufunsa, anavomera." Apa ndi pamene pagona nkhani.

Mwana amene sanadye kuyambira dzulo mukamuonetsa buledi ndi fanta, adzavomera chilichonse. Mukati alire, alira. Mukati aonetse chilonda, aonetsa. Mukati anene kuti amaba, anena, ngakhale sanabepo, chifukwa waona kuti nkhani yoopsa ndi imene ikukusangalatsani. "Inde" ameneyo wayankha ndi m'mimba. Kuvomera kwenikweni kumafuna zinthu ziwiri. Munthu amvetse kuti chithunzi chake chikupita kuti, ndipo akhale ndi mpata wokana popanda kutaya kanthu.

Ena amati mwana asapatsidwe kalikonse, kuopa kuti zikhala ngati mwagula mawu ake. Ine sindigwirizana nazo. Wojambula amalipidwa, woyendetsa galimoto amalipidwa, womasulira amalipidwa. Mwana yekha, amene wataya tsiku lake la ganyu, ndiye apite wopanda kanthu? Ayi. Koma chakudya chibwere choyamba, ndipo chikhale cha onse, wovomera ndi wokana yemwe. Funso lidzafunsidwe atakhuta. Lidzafunsidwenso mawa lake. Ndipo filimu isanatuluke, mwanayo aione, akhale ndi mphamvu yonena kuti, "Apa chotsani."

Chovuta kwambiri chimabwera kamera itapita. Ku Brazil, dziko lolankhula Chipwitikizi ngati lathu, Hector Babenco anapanga filimu yotchedwa Pixote mu 1980. Linali sewero la ana a mumsewu, koma osewera ambiri anali ana osauka enieni. Mwini nkhani anali Fernando Ramos da Silva, wa ku Diadema, kufupi ndi São Paulo. Filimuyi inatchuka dziko lonse lapansi. Fernando anapeza ntchito yosewera pa televizioni, koma sinakhalitse. Olemba mbiri yake amati vuto lina linali lakuti sankatha kuwerenga bwino, ndiye kuloweza mawu a pa pepala kunkamuvuta. Inu amene mwabwerera ku sukulu muli akuluakulu mukumvetsa ululu umenewo. Anabwerera ku umphawi womwe uja, koma tsopano nkhope yake ikudziwika paliponse ngati ya kamnyamata kakuba ka mufilimu. Pa 25 Ogasiti 1987 apolisi anamuwombera n'kumupha. Anali ndi zaka 19. Wopanga filimu si amene anamupha. Komabe kutchuka kunabwera msanga n'kupita msanga, pamene sukulu ikanakhala naye mpaka kalekale.

Ku India, Mira Nair anachita mosiyana. Atapanga Salaam Bombay! mu 1988 ndi ana a mumsewu, ndalama zina za filimuyo zinayambitsa bungwe la Salaam Baalak Trust, limene mpaka lero limapatsa ana otere pogona ndi maphunziro. Ngakhale zinali choncho, Shafiq Syed, mnyamata amene anasewera mbali yaikulu, atakula anakhala woyendetsa kanjinga kamoto ka matayala atatu, kamene ife timati txopela. Ndi ntchito yolemekezeka, koma ikutiuza kuti filimu payokha sichotsa munthu mu umphawi. Wojambula amene akulonjeza mwana kuti moyo wake usintha akumunamiza.

Ku Seattle, ku America, Martin Bell ndi mkazi wake Mary Ellen Mark anajambula achinyamata ogona mumsewu mu filimu ya Streetwise ya mu 1984. Mnyamata mmodzi anadzipha ali m'ndende ya ana filimu isanathe, ndipo maliro ake ali momwemo. Anthu amatsutsanabe ngati kunali koyenera kuwajambula. Chimene sindingawatsutse nacho n'chakuti sanathawe. Mtsikana wina wotchedwa Tiny anakumana nawo ali ndi zaka 13, ndipo Mary Ellen Mark anapitiriza kumuyendera kwa zaka zoposa 30, mpaka imfa yake mu 2015. Wojambula wotere angathe kufunsidwa mafunso, chifukwa amabweranso.

Nkhope ikalowa pa intaneti

Kale filimu inkaonetsedwa usiku umodzi, chinsalu n'kupindidwa. Lero kanema akalowa pa Facebook, YouTube kapena TikTok sachokamonso. Mtsikana amene ali ndi zaka 15 ananena pa kamera kuti amagona ndi madalaivala kuti apeze chakudya, adzafika zaka 25. Adzafuna banja, ntchito, mpando m'tchalitchi. Kanema uja adzakhala alipobe, ndipo apongozi ake adzakhala ndi foni. Mnyamata amene anaonetsa pamene amagona ndi anzake waonetsanso malowo kwa akuba, kwa ogwirira ana, ndi kwa amene amafuna "kuyeretsa" mzinda. N'chifukwa chake wojambula wanzeru amabisa nkhope, amasintha dzina, ndipo satchula malo enieni, ngakhale mwanayo atanena kuti alibe nazo kanthu. Mwana saona zaka 10 kutsogolo. Wamkulu ayenera kumuonera.

Mantha a kusesedwa mumsewu si ongopeka. Mu 1983, pa Operação Produção, anthu opanda zikalata za ntchito anatoledwa m'mizinda monga Maputo ndi Beira n'kutumizidwa ku Niassa. Ku Malawi kunali lamulo la nthawi ya atsamunda lolola apolisi kugwira munthu chifukwa chongomukayikira kuti akuyendayenda ndi cholinga choipa. Wogulitsa majumbo wina, Mayeso Gwanda, anagwidwa m'bandakucha mu 2015 ku Blantyre akupita kumsika. Sanangokhala chete. Anapita ku khoti lalikulu, ndipo pa 10 Januwale 2017 oweruza ananena kuti ndime imeneyo ikuphwanya malamulo aakulu a dziko. Pa 4 Disembala 2020 khoti la Africa loona za ufulu wa anthu, limene lili ku Arusha, linanenanso kuti malamulo otere amalanga munthu chifukwa cha umphawi wake.

Apa ndi pamene ndimayesera filimu ngati ndi yachilungamo. Kodi kamera yatembenuka? Kuonetsa mwana akununkhiza guluu n'kosavuta. Kovuta ndi kupita kwa mwini munda amene sanamulipire, kwa amalume amene analanda munda, ku ofesi imene inayenera kumulemba m'kaundula n'kumupatsa chikalata chobadwira, kwa wamkulu amene amatuma ana kukapempha n'kulanda ndalamazo madzulo. Filimu imene ili ndi misozi ya ana yokhayokha, popanda wamkulu mmodzi wofunsidwa funso lovuta, imabweretsa chisoni basi. Woonera amapukuta maso n'kukagona. Amati mlendo ndiye amabwera ndi kalumo kakuthwa. N'zoona, koma kalumo kamameta ndiponso kamacheka. Muziona kumene kaloza.

Zimene lamulo lathu likunena

Malamulo aakulu a dziko lathu, Constituição da República, ali ndi ndime ziwiri zofunika kuzidziwa. Ndime 41 imati nzika iliyonse ili ndi ufulu wa ulemu, mbiri yabwino, kuteteza chithunzi chake pagulu, ndi kusunga chinsinsi cha moyo wake. Ndime 47 imati chilichonse chochitidwa chokhudza ana chiike patsogolo ubwino wa mwanayo. Sinanene kuti mwana wokhala m'nyumba yekha. Wogona pamsika ndi nzika ngati mwana wa bwana administrador.

Buku la malamulo lotchedwa Código Civil, pa ndime 79, limati chithunzi cha munthu chisaonetsedwe kapena kugulitsidwa iye asanalole. Pali popatula. Wojambula khamu pamsika kapena pamsonkhano safunika kupempha aliyense payekha. Koma ndime yomweyo imaletsa kufalitsa chithunzi chimene chingaononge ulemu kapena mbiri ya munthu. Palinso lamulo nambala 7/2008 loteteza ufulu wa ana. Dziko lathu linavomerezanso pangano la United Nations la ufulu wa ana la mu 1989, limene limati mwana amvedwe pa nkhani zomukhudza ndipo moyo wake wamseri ulemekezedwe. Mu 2017 komiti yoyang'anira panganolo inalemba malangizo apadera a ana a mumsewu. Mfundo yake ndi yakuti asaonedwe ngati zigawenga zofunika kusesa, kapena ngati zinthu zongomvera chisoni, koma ngati anthu okhala ndi ufulu ndi maganizo. Tsiku lowakumbukira ndi 12 Epulo chaka chilichonse.

Pepala lija

Tsopano tifike pa inu. Alendo ojambula akafika m'mudzi amayamba kwa mfumu kapena kwa secretário, n'kuonetsa credencial yochokera kuboma. Chikalata chimenecho chimawalola kugwira ntchito m'deralo. Sichiwapatsa nkhope ya mwana wanu. Mfumu ingalole kuti alowe m'mudzi, koma singavomere m'malo mwa kholo, ndipo kholo nalo lisavomere mwana akukana.

Kenako amatulutsa pepala ndi inki yodindira chala. Ife ophunzitsa kuwerenga timadziwa kuti apa ndi pamene anthu ambiri amachita manyazi, n'kudinda msanga kuti asaoneke osadziwa. Musafulumire. Fufuzani mawu awa. Autorização kapena consentimento ndi chilolezo. Imagem ndi chithunzi. Menor ndi mwana wosakwana zaka 18 pa nkhani za ufulu wa ana. Encarregado de educação ndi inuyo, woyang'anira mwanayo. Mukaona em qualquer meio, ndiye kuti angaike chithunzicho paliponse, pa televizioni, pa intaneti, pa zikwangwani. Mukaona por tempo indeterminado, ndiye kuti chilolezo chilibe tsiku lothera. Ngati pepala lili m'Chingerezi, uzani alendowo kuti alimasulire, ndipo wokuwerengerani akhale munthu wanu, osati womasulira wawo. Pemphani pepala lanu lotsala nalo, lokhala ndi dzina la bungwe ndi nambala ya foni. Funsani kuti filimu idzaonetsedwa kuti, idzagulitsidwa kapena ayi, adzabwera liti kudzakuonetsani, ndipo mukasintha maganizo mudzauza yani. Wa zolinga zabwino sakwiya ndi mafunso amenewa. Amakhala atawakonzekera.

Nanga mwana amene alibe kholo pafupi? Mwana wa mnzako ngwako yemwe. Amayi ogulitsa pamsika, abambo oyang'anira siteji ya chapa, muli ndi ufulu woyandikira n'kufunsa kuti, "Pepani, mwanayu mwapempha kwa yani?" Wojambula woyenera amakhala atadutsa ku ofesi ya boma ya Saúde, Mulher e Acção Social, kapena ali ndi bungwe limene anawo amalidziwa kale ndipo lidzatsala nawo iye akapita.

Koma kamera zambiri lero si za alendo. Zili m'matumba mwathu. Mwana akagwidwa ataba chinangwa pamsika, mafoni khumi amatuluka iye asanafunsidwe n'komwe dzina. Pofika madzulo kanema wafika pa WhatsApp ku Ulongwe ndi ku Furancungo. Palinso achinyamata amene amapatsa mwana wa mumsewu mametikali 50 uku mnzawo akujambula, kuti otsatira achuluke pa tsamba lawo. Ndime 41 ija ikuwakhudza iwonso, ndi aliyense amene amatumiza kanemayo kwa ena.

Mukaona mwana akujambulidwa mochititsa manyazi, kapena kanema wotere akafika pa foni yanu, imbani 116. Ndi Linha Fala Criança, nambala yaulere, ndipo mwana nayenso angaimbe yekha. Mungapitenso ku polisi n'kufunsa gawo loona za mabanja ndi ana, Gabinete de Atendimento à Família e Menores Vítimas de Violência. Kanemayo musamutumize m'magulu kuti anthu aone umboni. Pitani nayo foniyo m'manja, mukawaonetse komweko.